Mzere Wachisanu ndi Chiwiri, Chitsamba Chakhumi

Tiyi ndi mtengo. Ine ndinatchola tiyi zaka khumi ndi chimodzi osazidziwa zimenezo. Ndinkamudziwa ngati chitsamba cholekeza m'chiuno, chosalala pamwamba, choti ukanyowa ndi mame umayanikapo nsalu yako n'kumapitiriza ntchito. Tsiku limene tinabwerera kwathu nkhondo itatha, nditangotsika lole ndinafunsa mayi wina amene tinakwera limodzi kuti, "Kodi nkhalango iyi anadzala ndani?" Iye anandiyang'ana kuyambira kumutu mpaka kumapazi. "Inu, si munda wanu wa tiyi umenewu?"

Unalidi womwewo. Zaka zisanu ndi zitatu popanda mpeni wodulira, tiyi uja anali atapitirira madenga a nyumba.

Tinkakhala pa komponi ya kampani ya tiyi, m'munsi mwa phiri la Tumbine, ulendo wa maola awiri wapansi kuchokera m'tauni ya Milange. Ndikati komponi musaganize za timisasa ta udzu ayi. Kanali katauni ndithu. Panali fabirika, fakitale ya tiyi yofuka utsi sabata yonse, nyumba za malata zondondozana, kantina yogulitsa mchere ndi nsalu, sukulu, tchalitchi, kachipatala, bwalo la mpira, ndipo m'nyumba za makalaliki munkayaka magetsi. Tonsefe tinachokapo tsiku limodzi, ena miphika ili pamoto, ndipo palibe amene anatsala kuti atseke chitseko.

Pobwerera tinapeza malata onse anasasulidwa. Anatenga ndani, kaya, aliyense ali ndi womuloza wake. M'kantina munamera mkuyu, mizu yake itatsika ndi khoma n'kuling'amba pakati mpaka pansi. Bwalo la mpira linali la nsenjere ndi magwafa okhaokha. M'makina oumitsira tiyi munalowa njuchi, ndipo mileme inali lendelende m'chipinda chimene tinkalandirira malipiro. Anyani anakhala pa masitepe a fabirika osasuntha, kumatiyang'ana ife ngati alendo ofunsa njira. Chitedze ndiye osanena, chinakwera paliponse, moti aliyense wobwerera ankatha sabata yake yoyamba akudzikanda. Kuzungulira fabirika ndi nyumba ya bwana wamkulu anthu a boma anali ataikako miyala yopaka utoto wofiira, kutanthauza kuti kumeneko kungakhale mabomba okwirira, ndipo tinkangokuona ndi maso.

Nyumba zathu tinazizindikira ndi mango. Kuseri kwa nyumba iliyonse kunali dzala, ndipo padzala paliponse panamera mitengo ya mango kuchokera ku njere zimene ana athu ankataya. Amene anali ndi ana ambiri anapeza munda wa mango, osabereka anapeza udzu. Yanga ndinaipeza: makoma atatu, mitengo ya mango iwiri, ndi chulu pamene pankakhala bedi. Sindinalire. Nyumbayo inali ya kampani, ine ndinkangogonamo.

Chimene ndinabwerera ine chinali china. Mwana wanga wamwamuna, wa zaka ziwiri, anamwalira ndi chikuku m'mawa wa tsiku lomwe tinathawalo. Tisanamusambitse n'komwe mfuti zinayamba kulira, ndipo zinkalirira mbali ya kumanda. Bambo ake anandiuza kuti nditenge mwana wathu wamkulu, wamkazi, ndithamange ndi amayi anzanga kulowera ku Muloza. Iwo anatsala ndi mtembo, pamodzi ndi mnzawo wina wa kuntchito. Anatipeza madzulo kutsidya kwa malire, dothi likadali m'zikhadabo. Anati, "Ali m'munda wa kuseri kwa sikelo. Mzere wachisanu ndi chiwiri, chitsamba chakhumi kuchokera ku ngalande. Usaiwale." Mnzawo uja anali atabwerera kukatenga amayi ake, ndipo sitinamvenso za iye.

Amuna anga anamwalira mu kampu ya othawa nkhondo chaka chachitatu, ndi chifuwa. Atatsala pang'ono anandiuza kuti ndibwereze, ndinabwereza: mzere wachisanu ndi chiwiri, chitsamba chakhumi kuchokera ku ngalande. Sindinafunse china. Ndikanafunsanji? Munda umenewo ndinautchola kuyambira ndili namwali, ndinkaudziwa kuposa khonde la nyumba yanga.

Mwana wamkazi uja ndinamusiya kwa abale ku Muloza kuti amalize sukulu, ndinabwera ndekha. Ndinafika mochedwa, ena atakhala kale mwezi wathunthu. Asekeretariyo, bambo amene boma linamuika kuti aziyang'anira ife obwerera, anali atanena kale kuti kampani sibwera msanga, aliyense adule tiyi adzale chakudya. Poti panalibe chingwe choyezera, anagawa munda potsata mizere ya tiyi, banja lililonse mizere khumi ndi iwiri. Ya kumunsi, kufupi ndi madzi, inapita kwa amene anafika poyamba. Ine wamasiye wofika kumapeto anandipatsa ya kumtunda kwenikweni kwa munda womwe uja wa kuseri kwa sikelo, kumiyala. Ndinapempha kuti andisinthire, ndinafotokoza ndi chifukwa chomwe, poti sikeloyo inali kumunsi. Anati, "Mayi, kumunsiko kuli eni ake kale. Kayambeni mwapeza malowo, kenako tidzakambirana."

Mwamwayi eni akewo anali asanafike pa mzere wachisanu ndi chiwiri, anali akulimbana ndi itatu yoyamba. Ndinalowa m'nkhalangomo ndi chikwanje. M'katimo munali mdima ndi chisanu ngakhale dzuwa lili paliwombo. Pansi panali njere za tiyi zoderapo, zonga mtedza, ndipo pamwamba panali maluwa oyera. Mizere ndiye panalibe poionera. Njere zija zinkagwa chaka ndi chaka n'kumera, moti ana a tiyi anadzaza mipata yonse imene tinkadutsamo ndi madengu kumsana. Tsiku loyamba ndinangozungulira m'menemo mpaka ndinatulukira kumene ndinalowera, nsalu itang'ambika, ndikutukwana.

Tsiku lachiwiri ndinakhala pansi kuti ndizule minga kuphazi, ndipo ndi pamene ndinaona. Tiyi womera yekha ali ndi thunthu limodzi lowongoka. Tiyi wakale, amene anadulidwapo kambirimbiri, amachita mphanda zambiri polekeza m'bondo, ndipo pamphandapo pamakhala zipsera za mpeni. Amuna anga anali odulira tiyi, mwina zina mwa zipsera zimenezo zinali za dzanja lawo. Basi ndinasiya kuyang'ana kumwamba. Ndinayamba kukwawa, kumapapasa tsinde lililonse. La thunthu limodzi ndinkalidumpha, la mphanda ndinkalimanga luzi.

Ndinayambira pa sikelo, pamene tinkayezera tiyi wathu. Denga lake linapita koma simenti inalipo, ndipo pasimenti pomwepo ndi pamene kapitawo ankaima m'mawa uliwonse n'kumakuwa, "Mzere woyamba, iwe! Wachiwiri, iwe!" kumakwera nafe phiri. Ndinawerenga isanu ndi iwiri kuchokera pamenepo. Ndinafunafuna ngalande, ndinaipeza itakwiririka ndi masamba, ndinawerenga zitsamba khumi. Pambali pa chakhumicho nthaka inali yolowa pang'ono, malo okwana mwana wogona chopinda miyendo. Mtima unakhala m'malo. Ndinagwada, ndinanena Atate Athu, ndinasesa ndi manja. Mawa lake ndinadula nsungwi n'kumanga kampanda, ndipo mitengo inayi ya tiyi yozungulira malowo ndinaimanga nsanza zofiira kuti wina asaikhudze.

Mwini mizere imeneyo anali mayi wina wamtali, Mlomwe, wosalankhulalankhula, amene kale tinkatchola gulu limodzi. Amuna ake anali ndi mwendo wotsimphina. Tsiku limene awiriwo anafika ndi nkhwangwa pa mitengo yangayo anandipeza nditakhala pomwepo.

"Achemwali," anatero mayiyo, "mpandawu sitiukhudza. Koma mitengoyi tidule, mthunzi wake utiphera chimanga."

"Mudule chiyani?"

"Mitengo yokhayi."

"Yambani mwadula ine," ndinatero. "Nkhwangwayo ndi yakuthwa, eti? Nali khosi."

Bambo aja anangotsitsa nkhwangwa n'kuyang'ana akazi awo. Mayiyo ananena mawu awiri atatu m'Chilomwe, ndipo anadumpha malowo n'kukapitiriza patsogolo. Ine ndinabadwa ndi pakamwa poyabwa, sindibisa. Mayi anga ankati ndinayamba kuyankha ndisanamere mano. Ndipo nthawi imeneyo ndinkaona kuti dziko lonse linandilakwira, tsono aliyense wodutsa pafupi ankalandirako gawo lake.

Kumtunda kwangako ndinagwira ntchito ndekha. Kudula tiyi wa zaka zisanu ndi zitatu si masewera, mtengo wake ndi wouma gwa, chikwanje chimangodumpha. Ndinkadula polekeza m'bondo, zitsa n'kuzisiya, poti kuzula sindikanatha. Nthambi ndinkaziunjika miluyi, zikauma n'kuzitentha. Ndinaunga mitumbira pakati pa zitsa, ndipo mvula yoyamba itagwa ndinadzala chimanga ndi nandolo za mbewu imene anatipatsa pobwera. Manja anatuluka matuza, matuza anaphulika, kenako anasanduka zikanga. Masiku amenewo ndinkagona m'makoma atatu aja nditafolera udzu mbali imodzi, ndipo anyani ankabwera m'mawa kudzaona ngati ndachoka.

Lamulungu lililonse tikatuluka m'tchalitchi chathu chopanda denga, ndinkatsikira kumunsi kukasesa. Ndinkazula udzu, kukonza nsungwi, n'kukhala pang'ono. Sindinkalankhula naye zambiri mwanayo. Anamwalira akudziwa mawu ochepa, tsono ndinkangomuuza kuti mlongo wake ali kusukulu, bambo ake anatsogola, ine ndilipo.

Mkangano waukulu unabwera mvula isanayambe, pamene anansi angawo ankatentha nthambi zawo. Mphepo inatembenuka, moto unanyambita mbali imodzi ya kampanda kanga. Zinali nsungwi zisanu zokha, tsopano ndikhoza kunena. Koma tsikulo ndinakuwa moti anthu anatuluka m'nyumba kuganiza kuti nkhondo yayambiranso. Ndinawatcha mfiti. Ndinati akufuna kuotcha mwana wanga kuti apeze malo a maungu. Ndinatchula mwendo wa bambo aja, zimene mpaka lero ndikazikumbukira ndimachita manyazi. Mayiyo anathyola nthambi yaiwisi, anazimitsa motowo, n'kubwerera ku ntchito yake.

Asekeretariyo anatiitana. Anati, "Mayi, manda ndi manda, palibe akukana. Malo a mphasa imodzi akhale anu. Koma mitengo inayiyo ikuwadyera anzanuwa chakudya." Bambo otsimphina aja anati, modzichepetsa ndithu, mthunziwo udzawalanda dengu lathunthu la chimanga, ndipo chaka chimenecho dengu linali moyo. Ine ndinati bambo a mwanayo anamusiya pansi pa tiyi, pansi pa tiyi akhala. Ndinaimirira n'kumapita nkhani isanathe. Mitengoyo inatsala. Munda wonse utayera, inkaoneka patali, inayi yokha pakati pa chimanga, ndipo chimanga chozungulira pamenepo chinali chachikasu, cholekeza m'bondo.

Mlendo anabwera chimanga chili pa ngayaye, nthawi ya njala, pamene tinkadya mango osapsa ndi masamba a chinangwa. Ndinali pakhomo ndikusenda chinangwa chopemphetsa pamene bambo wina woonda, wa imvi, anatsamiritsa njinga pa mtengo wa mango n'kuodira. Sindinamuzindikire mpaka atavula chipewa. Anali mnzawo wa amuna anga, yemwe uja anatsala nawo ndi mtembo. Nkhondo inamutsekereza mbali ya ku Mongue, anakhala komweko, anakwatira komweko, ndipo tsopano ankanyamula nsomba zouma pa njinga kupita nazo kumalire. Anamva pamsika kuti ndinabwerera, ndiponso kuti mnzake anatsala mu kampu, tsono anapatuka kudzapepesa.

Tinakhala, tinafotokozerana za akufa ndi amoyo. Kenako ndinati, "Alamu, tiyeni mukaone mmene ndakonzera pa mwana wanu." Ndinanena monyada, ndisaname. Ndinkafuna munthu mmodzi woti anene kuti ndinachita bwino.

Tinatsika. Anaima pa kampanda kaja chipewa chili m'manja. Anayang'ana simenti ya sikelo, imene inali pafupi kwambiri. Anayang'ana kumtunda.

"Alamu," anatero, "munawerenga kuchokera kuti?"

"Kuchokera pa sikelo. Nanga n'kuchokeranso kuti?"

"Ife sitinakumbe pafupi ndi sikelo chonchi. Asilikali anali pamsewu apo, akanationa."

"Mzere wachisanu ndi chiwiri, chitsamba chakhumi. Anandiuza mnzanu yemweyo, kawiri konse."

"Sananame. Koma ife odulira mzere woyamba ndi wa kumtunda."

Ndinaseka, kuseka kwa ukali. Ndinati nkhondo inamusokoneza mutu. Ndinati ine ndatchola m'munda uno zaka khumi ndi chimodzi, mzere woyamba sunakhalepo kumtunda chiyambire. Iye sanakwiye. Anafotokoza pang'onopang'ono ngati akulankhula ndi wodwala. Otchola amayambira pa sikelo chifukwa ndi pamene amalandirira madengu. Odulira ankakwera phiri m'mamawa mphamvu zikadalipo, n'kumadula chotsika, kuti pofika masana, mikono italema, akhale ali kufupi ndi kwawo. Kapitawo wawo ankaima pamwamba, ndipo ankawerenga kuchokera pamene waimapo. Ntchito yodulira inkachitika m'nyengo yozizira, pamene ife otchola ankatipumitsa, tili kuminda yathu kukolola. Zaka zonsezo ndinkagona nyumba imodzi ndi munthu wodulira tiyi, koma ndinali ndisanamuonepo ali pa ntchito yake.

"Nanga dzenje ili?" ndinafunsa, ndikuloza polowa paja.

Anagwedeza mutu. "Kaya, alamu. Mwina nguluwe. Ife tinaika lata pamwamba pake tisanakwirire, kuopa zilombo. Tiyeni tikwere."

Tinakwera. Tinadutsa minda ya mabanja atatu, ine ndili pambuyo, ndipo njira yonseyo ndinkadziuza kuti mkuluyu wasokonezeka. Koma miyendo inkadziwa kumene tikupita, poti inkapitako tsiku ndi tsiku. Mizere khumi ndi iwiri ya kumtunda kwenikweni inali yanga.

Zitsa zinali zitaphukira timasamba tofiirira, moti kuwerenga kunali kosavuta. Anayambira pamwamba, kumagunda chitsa chilichonse ndi phazi. Pa mzere wachisanu ndi chiwiri anakhotera ku ngalande, n'kubwerera akuwerenga mokweza. Pa chakhumi anaima. Pamenepo chimanga chinali chobiriwira bii, chotalika kuposa ine, chabwino kuposa china chonse m'mundamo. Ndinadziwa chifukwa chake. Mulu waukulu wa nthambi ndinautenthera pamenepo, unayaka tsiku lathunthu, ndipo phulusa lake ndinalikwirira ndi khasu.

"Ndibwerekeni khasu," anatero.

Anagumula mtumbira umodzi, n'kuyamba kupala mosamala. Sanapite patali. Polekeza m'chigongono khasu linagunda chinthu, ndipo kulira kwake sikunali kwa mwala. Anagwada, anafukula ndi zala, ngodya ya lata ladzimbiri inaonekera. Anaikwiriranso msanga n'kusalaza ndi chikhatho.

Mayo ine. Pamenepo ndiye ndinalira, kulira kumene sindinalire tsiku lothawa, ngakhale pa maliro a bambo ake. Ndinayatsapo moto pamwamba pa mwana wanga. Ndinalimapo, ndinapalirapo kawiri, ndinabandirapo, ndinkapondapo m'mawa ndi madzulo, uku Lamulungu ndikukasesa pogona nguluwe. Ndinadzida. Ndinakwiyiranso amuna anga m'manda momwemo: zaka zitatu mu kampu, tsiku lililonse tili maso ndi maso popanda chochita, osanena liwu limodzi lokha loti kumtunda! Koma ndikanawaimba mlandu wanji? Kwa iwo mzere woyamba unali umodzi wokha, monga mmene unalili kwa ine. Akuti safunsa anadya phula, ndipo ine ndinadya lonse.

Mlamu wangayo anandisiya ndilire. Kenako anati, "Mwanayu sanasowe munthu, alamu. Mwakhala naye tsiku lililonse." Ndinamuuza kuti atseke pakamwa. Ankanena zabwino, koma tsikulo sindinkafuna kutonthozedwa ndi munthu.

Chimangacho ndinazula ndekha, mapesi khumi ndi anayi, ena atayamba kale kubereka ana. M'chaka cha njala munthu sazula chimanga cha ngayaye, ndipo amene ankadutsa ankaima n'kumayang'ana, koma palibe anafunsa. Mlendoyo anandithandiza kusalaza malowo ndi kuzunguliza miyala, imene kumtundako sinkasowa. Anandisiyira nsomba zodzaza manja awiri, anakwera njinga yake dzuwa lisanapendeke kuti akapeze malire asanatseke.

M'mawa mwake ndinanola chikwanje n'kutsikira kumunsi. Kupepesa sindikudziwa bwino, tsono ndinaganiza kuti ndikangodula mitengo inayi ija, ndizule mpanda, ndiunge mitumbira, eni ake adzaona okha. Ndinali nditangomasula nsanza yofiira ya mtengo woyamba pamene ndinamva mawu kumbuyo.

"Achemwali, musadule."

Anali mayi wamtali uja, khasu lili paphewa.

"Mulibe munthu m'menemu," ndinatero, osamuyang'ana. "Ndinalakwitsa. Wanga ali kumtunda."

"Ndamva. Komponi yonse yamva."

"Ndiye ndisiyeni ndikubwezereni malo anu. Ndakupherani chimanga pachabe. Ndinakutukwanani pachabe. Bambo aja ndinawanena mwendo."

Anatula khasu pansi. Analowa m'kampandamo, zimene ndinkaganiza kuti sanachitepo, ndipo analowa ngati munthu wodziwa nsungwi imene imasuntha. Anatola tsamba limodzi louma n'kuliponya kunja.

"Inu mumabwera Lamulungu," anatero. "Ine ndimabwera Lachitatu, mukakhala kumtunda. Bambo amabwera Lachisanu."

Sindinamve msanga chimene ankanena.

"Wanu mwamupeza," anatero. "Wathu tilibe pomuika."

Ndinkaidziwa nkhaniyo. Komponi yonse inkaidziwa. Mwana wawo woyamba anagwidwa panjira tsiku lothawalo, anamusenzetsa katundu wa asilikali, ndipo sanabwerere. Mtendere utabwera anafunsa kulikonse kumene anthu ankatulukira kuchokera kutchire, mpaka anasiya kufunsa. Ndinkazidziwa zonsezi pamene ndinkawakuwira pa nsungwi zisanu, koma sizinandidutse m'mutu ngakhale kamodzi.

"Poyamba ndinkangodzachotsa masamba," anapitiriza. "Kenako ndinaona kuti ndikakhala pano ndimatha kumutchula dzina. Kunyumba sindimatha. Tikudziwa kuti mulibe kanthu pansipa, achemwali, sitinapenge. Koma mwapemphererapo miyezi isanu, pakhala pamalo. Tisiyireni."

"Nanga chimanga?"

"Chimanga tidzadzala chaka chamawa."

Ndinamangiriranso nsanza ija pa mtengo, mfundo ziwiri. Kenako ndinafunsa kuti mwanayo anali ndi zaka zingati. Tinakhala moyandikana miyezi yonseyo, ndipo limeneli linali funso loyamba kumufunsa mayiyo lokhudza iye mwini.

"Khumi ndi zinayi," anatero. "Bwenzi pano ali ndi ana ake."

Anakhala pansi m'kampandamo, miyendo atatambasula. Ine ndinatola chikwanje changa n'kukwera kumtunda kukadula nsungwi zina za kampanda ka mwana wanga.